Shemu Joyah ndi akazi a m'nkhani zake

Kuno ku Milange ukangowoloka mtsinje wa Muloza wafika ku Malawi, ndipo Blantyre ili pafupi kuposa Quelimane. N'chifukwa chake mafilimu a tsidyalo timawaona ngati athu. Mwa amene amalemba nkhani za mafilimu kumeneko, ine mtima wanga uli pa Shemu Joyah.

Bamboyu anabadwira ku Zimbabwe, makolo ake ndi a ku Malawi, ndipo ntchito imene anaphunzira ndi yoyeza malo. Nkhani amalemba yekha, n'kutsogoleranso yekha pojambula, kudzera ku kampani yake ya FirstDawn Arts.

Filimu yake yoyamba, Seasons of a Life, ndi ya Sungisa, mtsikana wantchito amene wapatsidwa mimba ndi bwana wake m'banja losowa mphatso. Mtsikana wotere timamudziwa tonse: amadzuka mbandakucha, kusesa, kuteleka madzi osamba, iye n'kudzadya ena atakhuta. Joyah sanamusiye akulira kuseri kwa nyumba. Anamutumiza kusukulu, n'kumubweza ali loya wodzafuna mwana wake kukhoti. Flora Suya ndiye anasewera Sungisa, ndipo mu 2010 Tapiwa Gwaza anapata mphoto ya Africa Movie Academy Awards chifukwa cha filimu yomweyi.

Mu 2012 kunabwera The Last Fishing Boat. Malemu Hope Chisanu anasewera Yusufu, msodzi amene nsomba zikumuthera m'nyanja pamene alendo odzaona malo akuchuluka. Komabe nkhaniyo imatsamira pa Abiti Anefa, mkazi wake wachitatu, amene mzungu wina wamuponyera maso.

Imene ndimaiona kuti inaposa zonse ndi The Road to Sunrise ya 2017. Rubia ndi Watipa ndi akazi oyendayenda m'makwalala a Blantyre, anthu amene masana timawalozera chala, usiku ena mwa olozawo n'kumawasaka. Joyah sawanyoza, sawakometseranso. Amatilowetsa m'kachipinda kawo ka lendi kuti timve zimene amakambirana, kenako amatikhazika m'khoti momwe Rubia akuyankha mlandu wakupha. Mirriam Phiri anasewera Rubia mogwira mtima. Mu 2018 filimuyi inasankhidwa kukhala yopambana kummwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards ku Lagos, ndipo chaka chomwecho inakhala yoyamba imene Malawi inatumiza kumpikisano wa Oscar.