Kuchokera ku Bombay mpaka ku Luchenza: mbiri ya mafilimu achimwenye

Pa 14 Malichi 1931, chikhamu cha anthu chinadzaza holo ya Majestic ku Bombay kudzaonera Alam Ara, filimu yoyamba ya ku India yotulutsa mawu. Ardeshir Irani ankaijambula usiku chifukwa situdiyo yake inali pafupi ndi njanji, ndipo masana sitima zinkasokosa. Mufilimuyi munali nyimbo 7, ndipo kuyambira pamenepo filimu yachimwenye yopanda nyimbo inakhala ngati ndiwo zopanda mchere.

Mawu atafika, nthabwala zinalowa m'nyumba. Anthu anayamba kuseka mikangano ya pachibale, kunamizana ndi kufunsirana. Mu Chalti Ka Naam Gaadi ya 1958, abale enieni atatu, Ashok, Anoop ndi Kishore Kumar, akusewera ngati amakanika a galaja imodzi, wamkulu atalamula kuti za akazi zisamveke. Mu Bawarchi ya 1972, Rajesh Khanna ndi khukhi amene akuyanjanitsa banja lolongolola lomwe antchito onse ankalithawa.

Nthawi imeneyo, ku Thyolo, othyola tiyi a m'maesiteti a Satemwa, Conforzi ndi Naming'omba ankawadziwa Amwenye ngati eni sitolo a pa Luchenza ndi pa boma, ogulitsa nsalu, sopo ndi mchere. Kanema anali wa m'tauni, ku maholo a ku Limbe ndi Blantyre monga Apollo, kutali ndi thumba la munthu wa pa esiteti. M'ma 1970, boma la Kamuzu Banda linasamutsira amalonda achimwenye m'mizinda, ndipo kumidzi anasowa.

Mafilimu awo anadzafika mochedwa, kudzera m'mavidiyo sho. Pa Bvumbwe ndi pa Luchenza, kachipinda ka mabenchi, sikirini imodzi ndi sipika panja zinakwanira kukoka anthu tsiku la malipiro. Kenako kunabwera anyamata omasulira mafilimu m'Chichewa, akumathira nthabwala zawozawo. Mu 2015 Zee World inayamba kuonetsa masewero achimwenye pa DStv, ndipo amayi ambiri anakodwa nawo.

Chomwe chimakoka anthu a ku Thyolo n'chakuti nkhani zake amazidziwa: apongozi ovuta, ukwati wokakamiza, chuma chamasiye. Chosiyana n'chimodzi. M'mafilimuwa mkazi ndiye amakakhala kwa mwamuna, pomwe pakati pa Alhomwe ndi Amang'anja amene amapirira maso a apongozi ndi mkamwini.