Les Blank, Munthu Amene Anajambula Ojambula

Tikamatamba filimu, maso athu amakhala pa oseŵela. Anthu amene anakhetsa thukuta kuseli kwa kamela sitiwaona, pokhapo ngati wina anawajambula. Iyi ndiye nchito imene Les Blank wa ku America anagwila ku Peru.

Mu 1981, Werner Herzog wa ku Germany anali kupanga filimu ya Fitzcarraldo m'nkhalango ya Amazon. Anaumilila kukweza sitima yeniyeni ya pamadzi, yolema matani 320, pamwamba pa phili. Blank anali komweko na kamela yake, pamodzi na Maureen Gosling wojambula mawu.

Mavuto anali ambili. Woseŵela wamkulu, Jason Robards, anadwala n'kubwelela kwawo. Mick Jagger nayenso anacoka, ndipo Herzog anayambilanso na Klaus Kinski. Injiniya wa ku Brazil anasiya nchito poopa kuti zingwe zingaphe anthu. Koma eni nkhalango, a mtundu wa Asháninka na Machiguenga, anatsala m'matope pafupi na zingwezo.

Zimene Blank anajambula zinatuluka mu 1982 pa dzina lakuti Burden of Dreams, ndipo zinapata mphoto ya BAFTA. Filimu ya Herzog imationetsa loto la munthu mmodzi, pamene ya Blank imationetsa amene analisenza.

Blank anamwalila mu 2013. Ise amene tijambula mavidiyo a nyimbo na masewelo pa foni m'makomboni, nthawi zina titembenuzeko kamela. Wonyamula magetsi na wophikila gulu, tikapanda kuwajambula, adzawakumbuka ndani?