Perete Wopanda Ng'oma

Tsiku loyamba kuonera kanema wakale wa perete wa asilikali, inetu ndinaseka. Anyamata akuguba, mfuti pa phewa, woimba ng'oma akumenya ndi mphamvu zake zonse, koma kuli zii! Mphindi imodzi isanakwane, kanema watha. Chiseko chija chinandithera nditafufuza mbiri yake.

Pamene abale awiri a ku France, Auguste ndi Louis Lumière, anayamba kuonetsa kanema kwa anthu olipira mu mzinda wa Paris pa 28 Disembala 1895, kamera inali yopukusa ndi dzanja. Inkaimikidwa malo amodzi ndipo inkafuna dzuwa lokwanira. Tsono perete ndiye anali ndiwo zakupsa kale: tsiku ndi lodziwika, msewu ndi wodziwika, wojambula angoima n'kumapukusa. Nawo mafumu sanachedwe kuona phindu lake. Mu 1895 momwemo Birt Acres anajambula Kaiser Wilhelm II wa ku Germany akuyendera asilikali ake. Pa 22 Juni 1897, Mfumukazi Victoria pokondwerera zaka 60 ili pampando, makamera anandanda m'misewu ya London kujambula mdipiti wa asilikali, ena ochokera ku maiko a atsamunda mu Africa muno.

Koma nkhani imene imandisowetsa tulo ndi ya ku Moscow. Mu Meyi 1896 anthu a Lumière anajambula mwambo wolonga ufumu Tsar Nicholas II, ndipo zithunzi zake zilipo mpaka lero. Patangopita masiku anayi, pa bwalo la Khodynka, khamu lolimbirana mphatso za mfumu linapondana, ndipo anthu oposa 1,300 anafa. Francis Doublier, mmodzi wa ojambulawo, anafotokoza pambuyo pake kuti apolisi anawalanda kamera pamodzi ndi zimene anajambula tsikulo. Akavalo a mfumu tingawaone. Anthu wamba amene anafera kapu ndi buledi, ayi ndithu.

Sindikunena kuti makanemawa ndi abodza. Nkhope zimene timaonamo ndi za anthu enieni, ana a eni ake, ndipo mwina chithunzi chimenecho ndicho chokha chimene anasiya pansi pano. Komatu awerengi anzanga, mukamaonera perete, kaya wa 1897 kaya wa dzulo pa wailesi ya kanema, muzidzifunsa: kamerayi anaiika pamenepa ndani, nanga kuseri kwake kukuchitika zotani?