Kuchoka m'khamu mpaka pa Oscar: makwerero a Walter Brennan

Walter Brennan anayamba ntchito ku Hollywood m'zaka za m'ma 1920 ngati wodzazitsa khamu. Pa ntchito ya mafilimu munthu wotere amatchedwa extra: amadutsa mumsewu kumbuyo kwa akatswiri, salankhula kanthu, madzulo n'kulandira ya tsikulo. Akapatsidwa mawu awiri atatu, monga mlonda wonena kuti abwana achokapo, ndiye kuti wakwera pa bit part. Brennan anatha zaka zambiri akupezera chakudya pa makwerero awiriwa.

Mu 1932 anachita ngozi pojambula filimu ndipo mano ambiri anaguluka. Chilemacho chinamupatsa msika. Akavula mano oikirira ankasanduka gogo, ngakhale anali asanakwanitse zaka 40. Umu ndi momwe anakhalira character actor, wosewera amene safunidwa chifukwa cha kukongola koma chifukwa nkhope, mawu ndi mayendedwe ake zimafotokoza munthu wathunthu akangotulukira. Vuto lake ndi typecasting, kumangoitanidwira gawo la mtundu umodzi. Brennan anasewera nkhalamba yolongolola kwa zaka zoposa 30, ndipo mu Rio Bravo ya 1959 anali akadali yomweyo, pambali pa John Wayne.

Dzina lakuti supporting actor, wosewera wochirikiza mwini nkhani, linapeza ulemu mu 1937 pamene mphoto za Oscar zinatsegula gawo lake. Woyamba kupambana anali Brennan, ndi filimu ya Come and Get It. Anapambananso ndi Kentucky ya 1938 ndi The Westerner ya 1940. Masiku amenewo ma extra ankavota nawo, ndipo ambiri amakhulupirira kuti ankakweza mnzawo wakale. Komabe opambana gawoli ankangopatsidwa chikwangwani, pamene akatswiri ankanyamula kafano kagolide. Kusiyanitsaku kunatha mu 1944.

Nanga malire a lead, mwini nkhani, ndi womuchirikiza ali pati? Mphindi sizithandiza kwenikweni. Beatrice Straight anaoneka mphindi zisanu zokha mu Network ya 1976, ngati mkazi amene mwamuna wake wamuululira chibwenzi, ndipo anatenga Oscar. Timothy Hutton anasenza pafupifupi filimu yonse ya Ordinary People ya 1980, koma anapambana ngati wochirikiza. Olemba za mafilimu amatcha zoterezi category fraud: kampani imalengeza wosewera wamkulu m'gawo laling'ono kuti apambane mosavuta. Ozunzika ndi eni gawo enieni, amene mwayi wawo umabwera kamodzi pa moyo.

Palinso billing, ndondomeko ya maina pa chithunzi cholengezera filimu. Amakambirana polemba mgwirizano, ndipo wosewera wamkulu msinkhu amene watenga gawo lochepa nthawi zambiri amapempha kuti dzina lake likhale lomaliza, patsogolo pake pali mawu akuti "and".

Makwerero onsewa anaonekera ku Wimbe, m'boma la Kasungu, pojambula The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019. Mwini nkhani anali mnyamata wa ku Kenya, Maxwell Simba, yemwe anasewera William Kamkwamba. Chiwetel Ejiofor, wotchuka kuposa onse komanso wotsogolera filimuyo, anatenga gawo la bambo ake a William, Lily Banda anakhala Annie, mlongo wake wa William, ndipo khamu la pamsonkhano ndi la pamzere wa chimanga linadzazidwa ndi Amalawi.