Merenskyite: dzina la kamwala ndi anthu amene silinawatchule

 Lero ndati ticheze za dzina limodzi lopinda lilime, merenskyite. Ndi dzina la kamwala kosowa kwambiri, koti ambiri mwa ife sitidzakaona n'komwe. Koma ine monga mphunzitsi wa mbiri ndimati dzina ndi chikalata. Ukalisenda bwinobwino ngati chinangwa, umapeza amene anali ndi mphamvu yotcha zinthu maina, ndi amene anangokhetsa thukuta n'kuiwalika. Poti kuno ku Phalombe nkhani ya mgodi wa paphiri la Songwe ili m'kamwam'kamwa, phunziro lake likutikhudza.

Tiyambe ndi kamwalako. Pali zitsulo zisanu ndi chimodzi zimene akatswiri amaziika m'banja limodzi chifukwa zimakonda kupezeka pamodzi: platinum, palladium, rhodium, ruthenium, iridium ndi osmium. Merenskyite ndi palladium yomangana ndi chinthu china chotchedwa tellurium, ndipo kawirikawiri mumakhalanso platinum ndi bismuth. Si mwala woti mungatole polima ayi. Ndi timadontho ting'onoting'ono toyera, tobisala m'miyala ya kopa ndi nickel, toti kutiona kwake mpaka maikulosikopu. Akaphwanya miyala yambirimbiri n'kuisungunula ndi pamene amapeza palladium, imene yambiri imakaikidwa mu paipi ya utsi ya galimoto kuti izichepetsa poizoni wa mu utsiwo.

Dzinali lili pawiri. Kumapeto kuli -ite, kamene kanachokera ku Chigiriki ndipo kamagwira ntchito ngati "wa" wathu uja. Kumayambiriro kuli dzina la munthu, Merensky. Ndiye kuti tanthauzo lake ndi "mwala wa Merensky". Anatcha dzinali ndi katswiri wina, G. A. Kingston, m'chaka cha 1966, atapeza timadonthoti m'miyala ya mumgodi wa ku Rustenburg ku South Africa. Mwini dzinayo n'kuti atamwalira zaka 14 zapitazo. Kagwiritsidwe kake kali ndi lamulo. Dzinali limatchulidwa pokhapokha ngati palladium ndiye yachuluka. Platinum ikaposa, kamwala ka maonekedwe omwewo amakatcha moncheite, kuchokera ku dera la Monchegorsk ku Russia. Kuyambira 1959 pali komiti ya bungwe la International Mineralogical Association imene imavomereza maina atsopano a miyala, n'chifukwa chake ngakhale kamwalaka kapezeke ku Canada kapena ku Great Dyke ku Zimbabwe, dzina ndi lomweli.

Nanga Merensky anali yani? Hans Merensky anabadwa mu 1871 pa mishoni ya Botshabelo pafupi ndi Middelburg, ndipo bambo wake Alexander Merensky anali mmishonale wochokera ku Germany. Anakaphunzira za miyala ndi migodi ku Germany komweko n'kubwerera ku South Africa mu 1904. Moyo sunamuyendere msanga. Chuma chake chinagwa, ndipo pankhondo yoyamba yapadziko lonse anatsekeredwa ku kampu monga Mjeremani. Zinthu zinatembenuka mu 1924. Mlimi wina, Andries Lombaard, akusungula mchenga mumtsinje pa famu ya Maandagshoek m'dera la Lydenburg, anaona timibulu toyera tolemera. Titafika m'manja mwa Merensky, iye anazindikira kuti ndi platinum. Anayamba kulondola kumene madzi anatikokolola, mothandizidwa ndi Lombaard yemweyo ndi abale awiri, Schalk ndi Willem Schoeman, mpaka anapeza mzere weniweni wa mwalawo. Ndi mzere wopyapyala, m'malo ambiri pafupifupi mita imodzi, koma ukuyenda makilomita mazanamazana pansi pa dera la Bushveld. Lero South Africa imatulutsa pafupifupi magawo 70 pa 100 alionse a platinum yokumbidwa padziko lonse.

Tamvani izi tsono: poyamba mzerewu unkatchedwa Lombaard Reef. Merensky ataulondola mpaka ku Potgietersrus ndi ku Rustenburg, dzina la mlimi uja linafufutika ndipo linatsala ndi Merensky Reef. Ngati mzungu mwini famu anachotsedwa padzina chonchi, nanga anthu akuda amene anakumba maenje ofufuzirawo ndi piki ndi fosholo?

Musandimve molakwa, Merensky anali katswiri weniweni ndipo ulemu wake ndi woyenera. Ndi yemweyo amene pambuyo pake anatulukira dayamondi wambiri ku Alexander Bay ndi miyala ya feteleza ku Phalaborwa. Komatu ku Phalaborwa komweko anthu akuda anali atakumba ndi kusungunula kopa ndi chitsulo kwa zaka mazana ambiri iye asanabadwe. Mawu oti "anatulukira" tiziwaphunzitsa mosamala, monga timachitira tikafika pa Livingstone ndi nyanja yathu.

Onaninso maina a abale ake a kamwalaka. Cooperite anatchedwa mu 1928 polemekeza R. A. Cooper wa ku Johannesburg amene anayamba kuufotokoza. Braggite anatchedwa mu 1932 polemekeza William Henry Bragg ndi mwana wake Lawrence, popeza unali mwala woyamba kuzindikirika pogwiritsa ntchito X-ray. Rustenburgite ndi atokite, a mu 1975, anatenga maina a migodi. Laurite ndiye woseketsa: Friedrich Wöhler anautcha mu 1866 dzina la Laura, mkazi wa bwenzi lake. Pamndandanda umenewu pali akatswiri, pali migodi, pali ndi mkazi wa mnzake, koma wokumba palibe.

Okumbawo ena anali azigogo athu. Kudzera mu Wenela, imene pambuyo pake tinkaitcha Theba, amuna ankachoka m'midzi kupita ku Joni pa kontirakiti. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 Amalawi a m'migodi ya ku South Africa anaposa 100,000. Ambiri anali ku migodi ya golide, ena ku migodi ina kuphatikizapo ya platinum. Kumeneko munthu ankadziwika ndi nambala, mabwana ankamulamula m'Chifanakalo, ndipo kaya ndi Mlomwe, Myao kapena Mtonga, onse ankangoti Anyasa. Pa 4 April 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown ku Botswana n'kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kwawo. Dr Kamuzu Banda anaimitsa kulemba anthu ntchitoyi, inayambiranso mu 1977, ndipo inatheratu mu 1988. Mavuto a okumba sanathere pomwepo: pa 16 August 2012 apolisi anawombera ndi kupha anthu 34 amene ankanyanyala ntchito pa mgodi wa platinum wa Lonmin ku Marikana, kufupi ndi Rustenburg komwe kuja kamwala kathu kanapezeka.

Koma ku Rustenburg kulinso nkhani yolimbitsa mtima. Eni nthaka kumeneko ndi a mtundu wa Bafokeng. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800 mfumu yawo Mokgatle inatumiza anyamata kukagwira ntchito ku migodi ya dayamondi ku Kimberley, ndipo ndalama zawo anagulira minda imene Mabunu anawalanda. Poti lamulo silinkalola munthu wakuda kulembetsa malo, zikalata zinalembedwa m'maina a amishonale, koma zinasungidwa. Platinum itapezeka pansi pa minda imeneyo, a Bafokeng analimbana m'makhoti kwa zaka zambiri mpaka mu 1999 kampani ya Impala Platinum inavomera kumawapatsa magawo 22 pa 100 a phindu. Amene munaonera World Cup ya 2010 mukukumbukira bwalo la Royal Bafokeng. Dzina lawo silili pa kamwala, koma anasunga nthaka ndi zikalata, n'chifukwa chake sanafufutike.

Tibwerere kwathu. Mpata wa pakati pa phiri la Mulanje ndi la Michesi timautcha Fort Lister, chifukwa cha linga limene boma la Harry Johnston linamanga mu 1893 pofuna kutseka njira ya ogula akapolo. Lister ameneyo anali Sir Villiers Lister, mkulu wa mu ofesi ya boma ku London. Dzina lake ana athu amalidziwa, koma ndi angati angatchule mmodzi mwa anthu amene anasenza miyala ya lingalo? Pano pa Songwe palibe nkhani ya platinum, koma miyala ina yosowa imene imagwira ntchito popanga maginito amphamvu. Phirili ndi la mtundu wa carbonatite, ngati Tundulu, chisi cha Chilwa ndi Phalaborwa uja wa Merensky. Mwala wina wofunika pamenepo ndi synchysite, dzina lochokera ku mawu a Chigiriki otanthauza chisokonezo, chifukwa poyamba akatswiri anausokoneza ndi mwala wina. Mu July 2024 boma linasainirana pangano la mgodiwu ndi kampani ya Mkango Resources. Malipoti adzalembedwa, mapu adzajambulidwa, ndipo maina amene adzalowemo ndi amene adzakhale.

Ndiye pempho langa kwa inu aphunzitsi anzanga ndi ili. Teremu ino tumani ana a Fomu 3 akacheze ndi agogo amene anapita ku Theba. Alembe dzina lonse, mudzi, chaka chimene anapita, mgodi umene anagwirako ndi nambala imene anapatsidwa. Ena akafunse mafumu ndi amayi achikulire maina a timitsinje, zitsime, manda ndi misitu yozungulira Songwe, ndi chifukwa chimene anatchulira choncho. Makope amenewo tisunge ku laibulale ya sukulu. Inu ophunzira anga akale amene muli m'tauni kapena ku Joni, mukabwera patchuthi khalani pakhonde ndi agogo, foni ijambule mawu awo. Okalamba athu akutha chaka ndi chaka, ndipo komiti yovomereza maina awo palibe, ndife tomwe.