Nyanga ndi Zithumwa ku Bandawe

Bandawe ndi malo a m'mphepete mwa Nyanja ya Malawi, kumwera pang'ono kwa Chintheche, m'dziko la Atonga. Ambiri amadziwa dzinali cifukwa ca misyoni imene Dr. Robert Laws anakhazika kumeneko m'caka ca 1881, atacoka ku Cape Maclear kumene malungo anapha anzace. Koma m'nkhani ino tifuna kunena za tinthu tating'ono timene munthu akhoza kubisa m'dzanja, ndito cithumwa, nsupa ndi nyanga ya mankhwala. Ndiponso za anthu amene anadza, wina pambuyo pa mnzace, nanena kuti adziwa kucotsamo mphamvu.

Poyamba tiyenera kumva m'mene makolo anaganizira. Iwo sananene kuti nyanga ya gwape iri ndi mphamvu mwa iyo yokha ai. Nyanga ndi cotengera cabe, monga mtsuko uli cotengera madzi. Sing'anga amatentha mizu, nasinja makala ace, nasanganiza ndi mafuta a nsatsi. Atatero amaikamo kanthu kena kochedwa cizimba: kapena kacikopa ka mkango, kapena mamba a ngaka, kapena fupa la nsato. Cizimba ndico cimadzutsa mankhwala. Popanda ico, anati, mizu ingogona tulo.

Tsono mwini nyanga anali nazo njira zace zotulutsira mphamvuyo. Wopita ku mlandu amatapa mafuta m'nsupa nadzola kumaso, kuti mau ace akomere akuru a pabwalo. Wina amatemera mankhwala m'mphini kuti alowe m'mwazi. Wina amawakwirira pakhomo, ndiko kutsirika nyumba. Msodzi amasambitsa khoka lace asanalowe m'bwato. Ndipo pamene anyamata a Citonga anayamba kupita ku nchito ku Harare ndi ku Joni, ambiri anamanga kacithumwa m'cuuno, poti ulendo unali wautali ndi wa pansi. Koma mankhwala onse anali ndi malamulo ace. Munthu akaswa lamulo, mankhwala amasukuluka, nyanga nikhala nyanga wamba. Taonani tsono: makolo anakhulupirira kuti mphamvu ikhoza kuikidwa m'cinthu, ikhoza kutapidwamo, ndipo ikhozanso kuphedwa.

Bvuto linali pano. Nyanga ya munthu wodziteteza ndi nyanga ya mfiti zioneka cimodzimodzi. Palibe angazisiyanitse ndi maso. Mwana akafa mwadzidzidzi, kapena ng'ona ikagwira mai padoko, anthu amafunsana kuti, kodi wacita ici ndani? Woombeza ula akachula munthu, munthuyo amamwa mwabvi. Wosanza anali wosalakwa. Wakufa anali mfiti. Anthu ambiri osacimwa anatha motero, pakuti khungwa la mwabvi ndi ululu umene sudziwa mlandu wa munthu. Amisyoni a ku Bandawe analimbana nao mwambowu kuyambira zaka zoyamba, ndipo m'caka ca 1911 Boma la Nyasaland linaika lamulo loletsa kumwetsa mwabvi ndi kuchula munthu mfiti. Lamulolo linapulumutsa miyoyo, koma silinacotse mantha. Ambiri anadandaula kuti Boma latseka njira yogwirira mfiti, nilisiya mfitizo ziri pamtendere.

Lisanaikidwe lamulolo, kunabuka Elliot Kamwana, Mtonga amene anaphunzira m'sukulu za misyoni yomweyi. Iye anabwera ndi ciphunzitso ca Watch Tower m'caka ca 1908, ndipo m'miyezi yowerengeka anabatiza anthu oposa 9,000. Kumisyoni munthu amayembekeza zaka asanabatizidwe. Kwa Kamwana amabatizidwa msanga. Olemba mbiri ena aganiza kuti ambiri anathamangira ubatizowo ngati madzi otsuka ufiti m'midzi. Boma linamcotsa m'dzikomo m'caka ca 1909, ndipo sanabwerere kwao kufikira 1937.

Koma nkhani yaikuru ya nyanga ndiyo ya Mcape. Mau awa acokera ku kucapa, monga ticapa nsaru. Mbiri inamveka kuti ku Mulanje kuli munthu dzina lace Kamwiri, amene anafa naukanso ali ndi mankhwala otha ufiti wonse. M'zaka za 1933 ndi 1934 ogulitsa mankhwalawo anayenda m'Nyasaland monse, nafika kunyanja kwa Atonga, napitirira mpaka ku Northern Rhodesia, imene lero ndi Zambia, ndi ku Tanganyika. Sanali nkhalamba zobvala zikopa ai. Anali anyamata obvala malaya ndi makabudula a Cizungu. Akafika pamudzi, mfumu imasonkhanitsa anthu onse, amuna mzere wao, akazi mzere wao. Wamcape amaima ndi kalilole m'dzanja, anthu napita kumbuyo kwace mmodzimmodzi, iye alikupenya m'kalilolemo. Akaloza munthu, amamuuza kuti akatenge nyanga zace. Munthu akakana, amachula pamene zabisika, kapena kudenga kapena pansi pa nkhokwe. Nyanga zonse zimaunjikidwa pamphambano kunja kwa mudzi. Pamenepo ali yense amamwa mankhwala ofiirira, ndipo anauzidwa kuti wobwerera ku ufiti atamwa adzafa ndithu.

Tiyenera kunena cabwino cimodzi ca Mcape: sunaphe munthu monga mwabvi. Wogwidwa amangopereka nyanga, namwa, nabwerera kunyumba kwace ali woyera pamaso pa anzace. Mwina ndico cifukwa cace mafumu ambiri anaulandira ndi manja awiri, ngakhale mipingo ya misyoni inaletsa Akristu kumwa.

Nanga m'miulu ija munali ciani? Mai wina wophunzira wa ku England, Audrey Richards, anaona Mcape pakati pa Abemba m'caka ca 1934. Iye anatenga nyanga za pa mulu napempha akuluakulu kuti amuuze nchito ya iri yonse. Zambiri zinapezeka kuti zinali zithumwa wamba: zosakira nyama, zotetezera munda, zocizira matenda. Ndiye kuti anthu anataya zikopa zao poganiza kuti alikuthyola mikondo ya adani. Ndipo cina ncakuti amcapewo sanacoke manja ali m'thumba. Atalanda zithumwa zakale, anagulitsa zatsopano, tinsaru tosokedwa tokhala ndi ufa m'kati, toteteza ku zirombo, ku njoka ndi ku mfiti. Makobiri amene anyamata anatumiza kucokera ku migodi analowa m'matumba a alendo. Patapita nyengo pang'ono anthu anayambanso kudwala ndi kufa monga kale, mbiri ya Mcape nizirala.

Sinazime konse. Ca m'ma 1956 kunamveka Chikanga, dzina lace leni leni Lighton Chunda, amene anakhala kufupi ndi Rumphi. Kwa iye sikunali kuyendera midzi. Anthu ndiwo anamtsata, ena kucokera ku Tanganyika ndi ku Northern Rhodesia, atanyamula nyanga zao kuti akazipereke ndi kutemeredwa mphini. Ndipo m'caka ca 1995, matenda a Edzi atakula m'dziko, Billy Goodson Chisupe wa kufupi ndi Liwonde ananena kuti walota mtengo wociza matendawo. Anthu zikwizikwi a m'zigawo zonse zitatu anakwera mabasi ndi malole kukamwa kapu ya madzi ace ofiirira. Edzi sanaicize. Dzina limene anthu anacha madziwo linali lomwe lija la zaka 60 zapitazo: Mcape.