Kodi Akusimba Nkhaniyi Ndani?

Kale nthano zinali za pamoto. Agogo amati, "Padangotero," ana navomera, "Tili tonse," ndipo wosimbayo amaonekera kwa onse. Koma nthano italowa m'buku, wosimba anabisala kuseri kwa pepala. Tsono inu amene mwayamba kuwerenga, kaya muli ku Chonde kaya kwina, muzidzifunsa kuti, kodi akundiuza zimenezi ndani?

Mwa mabuku oyamba a nkhani yopeka yaitali m'chinenero chathu muli Nthondo, limene analemba Samuel Josia Ntara, mphunzitsi wa ku Nkhoma. Bukuli linapambana pa mpikisano, ndipo mu 1934 linatuluka m'Chingerezi atalimasulira T. Cullen Young. Ntara asimba ngati mkulu wodziwa zonse. Atenga Nthondo pa kubadwa kwake, nayenda naye njira imodzi yosapatuka: ubwana, kupulupudza, ulendo wokafuna ntchito kutali, kubwerera kumudzi, kufikira kutembenuka mtima. Ena amati malangizo achuluka m'bukumo. Nzoona, komabe miyambo ya Achewa inalembedwamo mosamala ndithu.

Anzathu olemba Chiarabu anayambanso motero. Ku Egypt, Muhammad Husayn Haykal analemba Zaynab ali pa maphunziro ku Ulaya. Ndi nkhani ya mtsikana wogwira ntchito m'minda ya thonje, amene anakwatiwa ndi mwamuna wosamkonda, nafa ndi chifuwa chachikulu. M'menemonso wolemba ndiye mwini bwalo: aimitsa nkhani kuti atamande kukongola kwa mudzi ndi kudzudzula ukwati wokakamiza.

Patapita zaka makumi asanu zinthu zinasintha. Mu 1966 Tayeb Salih wa ku Sudan anatulutsa nkhani ya Mustafa Sa'eed, munthu wophunzira amene anakhala ku London, nadzabisala m'mudzi wa m'mbali mwa mtsinje wa Nile. Wosimba m'bukumo sadziwa zonse ayi; ngakhale dzina lake sitilimva. Atolera mbiri ya Mustafa pang'onopang'ono, zina pakamwa pa mwini wake, zina kwa anthu a paulendo, zina m'mapepala a m'chipinda chokhoma. Wowerenga ayenera kulumikiza yekha, monga mayi asoka chigamba pa chigamba.

Chaka chotsatira, 1967, Naguib Mahfouz, yemwe analandira mphotho ya Nobel mu 1988, analemba Miramar. Amuna anayi ogona m'nyumba imodzi ya alendo ku Alexandria asimba zochitika zomwezo, yense monga anazionera. Amene anakhalapo pa mlandu kwa anyakwawa adziwa kale luso limeneli: mboni zinayi, mawu anayi, ndipo aliyense akometsa mbali yake. Kusiyana kwake nkwakuti m'bukumo mulibe mfumu yogamula, wogamula ndinu.

Ndipo taonani chimene Mahfouz anachita. Onse anayiwo akamba za Zohra, mtsikana wa kumudzi amene anathawa ukwati wokakamiza nadzagwira ntchito m'nyumbamo. Koma Zohra mwini wake sanapatsidwe mutu ngakhale umodzi woti asimbe yekha mbali yake.